Kubwereka K30 miliyoni n'kubweza K124 miliyoni: kodi a kubanki alakwitsa masamu?

Funso: Ine ndi amuna anga tapeza nyumba ya K45 miliyoni ku Area 25 mu Lilongwe. Tili ndi K15 miliyoni imene tinapeza titagulitsa puloti, ndipo banki yavomera kutibwereka K30 miliyoni yotsalayo pa chiwongoladzanja cha 27 peresenti, kubweza zaka 15. Akuti azidula K687,528 pamwezi. Nditachulukitsa ndi miyezi 180 ndapeza pafupifupi K124 miliyoni, moti tulo sindikuona. Tonse awiri timalandira K2.2 miliyoni pamwezi atachotsa msonkho, ndipo lendi timalipira K300,000. Achimwene anga a ku Joni akuti tipemphe zaka 20 kuti zipepuke. Kodi a kubanki alakwitsa, kapena zimakhaladi choncho? Mayi wodandaula, Lilongwe.

Yankho: Mayi, masamu anu ali bwino, ndipo a kubanki nawo sanalakwitse. K687,528 kuchulukitsa ndi 180 ndi K123.8 miliyoni. Mwa imeneyi K30 miliyoni ndi imene mwabwereka, K93.8 miliyoni ndi chiwongoladzanja. Mwachita bwino kuchulukitsa, chifukwa ambiri amangoyang'ana ya pamwezi, akaona kuti malipiro akwanira basi n'kusaina. Komabe nambala yakusowetsani tuloyo ikukokomeza pena, ndipo pamene ngongoleyi imalumadi ndi pa zaka zoyambirira. Kuti muone chifukwa chake, tiyambe ndi mmene banki imagawira ndalama imene yadula.

Chiwongoladzanja cha ngongole ya nyumba amachiwerengera mwezi ndi mwezi pa ndalama imene yatsala. Mukagawa 27 peresenti pa miyezi 12 mupeza 2.25 peresenti pamwezi. Mwezi woyamba ngongole yonse ikadalipo, ndiye 2.25 peresenti ya K30 miliyoni ndi K675,000. Tsono pa K687,528 imene adule, K675,000 ipita ku chiwongoladzanja, ndipo yochepetsa ngongole yeniyeniyo ndi K12,528 yokha. Mwezi wachiwiri adzawerengera pa K29,987,472, chiwongoladzanja chidzatsika ndi K282, ndipo K282 imeneyo idzawonjezera ku mbali yochepetsa ngongole. Ziziyenda choncho mwezi uliwonse, kusunthako kuli kochepa kwambiri poyamba, n'kumakula kumapeto.

Taonani mmene zidzakhalire mukamapita kukatenga sitetimenti. Chaka choyamba chikamatha mudzakhala mutapereka K8.25 miliyoni, koma ngongole itatsika ndi K170,000 yokha. Pakutha pa zaka 5 mwapereka K41.3 miliyoni, kuposa imene munabwereka, koma banki ikukufunanibe K28.4 miliyoni. Pa zaka 10 mwapereka K82.5 miliyoni, yotsala ndi K22.5 miliyoni. Theka la ngongoleyi lidzakhala lilipobe patatha zaka 12 ndi theka, ndipo theka limenelo lidzatha m'miyezi 30 yomaliza. Zaka zoyambazo zimakhala ngati kutunga madzi ndi dengu, ndipo ambiri amene amapsa mtima m'maofesi a banki, kunena kuti akuberedwa, amakhala aona sitetimenti ya chaka chachitatu kapena chachinayi popanda wowafotokozera zimenezi pa tsiku losaina.

Izi zili ndi tanthauzo lina limene anthu saliganizira. Mukadzafuna kugulitsa nyumbayi patatha zaka 5, mwina chifukwa cha kusamutsidwa pantchito, banki idzayamba yatenga K28.4 miliyoni yake pa mtengo wogulitsirawo. Chimene chidzakutsalireni chidzachokera ku K15 miliyoni yanu ija ndi kukwera mtengo kwa nyumba. K41 miliyoni imene munadulidwa idzakhala itakugulirani gawo la K1.6 miliyoni lokha.

Tibwere kwa achimwene anu. Malangizo awo ndi abwino kumene iwo ali. Ku South Africa chiwongoladzanja chimene mabanki amayambira pobwereketsa chinafika 11.75 peresenti mu 2023, ndipo kumeneko anthu anadandaula kuti chakwera. Pa mlingo umenewo, wobwereka R1 miliyoni amadulidwa pafupifupi R14,200 pamwezi akasankha zaka 10, ndi R10,800 akasankha zaka 20. Kutalikitsa nthawi kumamuchotsera pafupifupi gawo limodzi mwa magawo anayi a katundu wa pamwezi, ndiye n'zomveka kuti kumeneko zaka 20 ndi zimene ambiri amatenga.

Kuno pa 27 peresenti nkhani ndi ina. Mukapempha zaka 20 azidula K678,252, kutsika ndi K9,276 yokha, koma zonse pamodzi mudzabweza K162.8 miliyoni. Mwawonjezera K39 miliyoni ndi zaka zisanu za ngongole kuti mupulumutse ndalama yosakwana ngakhale mayunitsi a magetsi a mwezi. Chifukwa chake n'chapafupi: ya pamwezi singatsike kupitirira K675,000, poti chimenecho ndi chiwongoladzanja chokha cha mwezi woyamba. Ngakhale atakupatsani zaka 50, azidulabe K675,000 ndi kakhobidi pamwamba.

Mukatembenuza, zinthu zimakomera inu. Zaka 10 azidula K725,219, kuwonjezera K37,691 pamwezi, ndipo zonse pamodzi ndi K87 miliyoni. Mwapulumutsa pafupifupi K37 miliyoni. Zaka 7 azidula K798,128, zonse pamodzi K67 miliyoni. Zaka 5 ndi K916,059 pamwezi, zonse pamodzi K55 miliyoni, ngakhale imeneyi ndikuona kuti ingakufinyeni kwambiri pa malipiro anu. Chiwongoladzanja chikakwera chonchi, nthawi yaitali sikugulirani mpumulo uliwonse wooneka, ndipo ngati pali chinthu chimodzi chimene ndingakonde mutenge m'yankho lino ndi chimenechi.

Pali china chimene chili m'kalata imene banki yakupatsani, mwina simunachiwerenge bwino. 27 peresenti imeneyo siyokhazikika. Kuyambira 2019 mabanki a m'Malawi amabwereketsa potsatira reference rate, mlingo umene umawerengedwa mwezi uliwonse ndipo mabanki amaulengeza m'nyuzipepala, kenako banki iliyonse imaikapo kake pamwamba malinga ndi mmene ikumuonera wobwereka. Mlingowu umayenda limodzi ndi policy rate, chiwongoladzanja chotsogolera chimene imakhazikitsa banki yaikulu ya dziko, Reserve Bank of Malawi. Mu 2021 policy rate inali 12 peresenti. Mu Epulo 2022 inakwera kufika 14, mu Okutobala chaka chomwecho 18, mu Epulo 2023 inafika 22, mu Julayi 24, ndipo mu Febuluwale 2024 inafika 26. Pasanathe zaka ziwiri inakwera ndi mapointi 14. Amene anasaina ngongole ya nyumba mu 2021, akuona ngati apeza mwayi, anaona ya pamwezi ikukwera kangapo popanda kubwereka tambala ina.

Mabanki amakana kukhazikitsa chiwongoladzanja kwa zaka 15 chifukwa ndalama imene amabwereketsa ndi imene anthu asungitsa, ndipo yambiri mwini wake atha kuitapa mawa kapena pakatha miyezi itatu. Sangalonjeze mtengo wa zaka 15 pa ndalama imene iwo eni amaigula pa mtengo wosinthasintha. Ngakhale NBS, imene inayamba mu 1964 ngati New Building Society ndi ntchito yeniyeni yobwereketsa ndalama za nyumba, inasanduka banki wamba mu 2004. Choncho chiopsezo cha kukwera kwa chiwongoladzanja chili pamutu panu.

Pa ngongole yanu, pointi imodzi iliyonse, monga kuchoka pa 27 kufika pa 28 peresenti, ndi K25,000 pamwezi pa zaka zoyambirira. Chikakwera kufika 30 peresenti, chiwongoladzanja chokha chidzakhala K750,000 pamwezi, kuposa K687,528 imene munagwirizana. Apa banki iyenera kukweza ya pamwezi kufika cha m'ma K759,000, apo ayi ngongole iyamba kukula inu mukulipira mokhulupirika. Kuwonjezera zaka sikungathandize konse pamenepa. Afunseni mwachindunji chimene amachita zikatere, ndipo musanasaine khalani pansi ndi bambo a kunyumba muwerengere bajeti yanu pa 30 kapena 31 peresenti. Ngati pamenepo fizi ya ana ikulephereka, ndiye kuti K30 miliyoni yachuluka.

Tsopano mbali imene nambala ya K124 miliyoni ikukokomeza. Mwaphatikiza makwacha a chaka chino ndi makwacha a zaka 15 zikubwerazo ngati ndi ofanana, pamene inu nomwe mukudziwa chimene K10,000 inkagula mu 2020 ndi chimene ikugula lero. Kwacha inagwetsedwa ndi 25 peresenti mu Meyi 2022 ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, ndipo mu Januwale 2024 mitengo ya zinthu inali itakwera ndi 35 peresenti poyerekeza ndi chaka chapitacho. Mitengo ikamakwera chonchi, gawo lalikulu la 27 peresenti limangobwezera banki ndi osungitsa ndalama mphamvu imene kwacha yataya. K687,528 ya chaka cha khumi idzakhala ndalama yopepuka kwambiri poyerekeza ndi K687,528 ya lero, pamene nyumbayo mtengo wake udzakhala ukukwera limodzi ndi simenti ndi malata.

Tiyerekeze ndi manambala anu. Lero K687,528 ndi 31 peresenti ya K2.2 miliyoni. Malipiro anu atamakwera ndi 15 peresenti chaka chilichonse, pakatha zaka 5 adzafika K4.4 miliyoni ndipo ngongole izidya 16 peresenti yokha, pakatha zaka 10 izidya yosakwana 8 peresenti. Lendi nayo siima. K300,000 itamakwera ndi 15 peresenti pachaka, pakatha zaka 6 idzafika K694,000, kupitirira ya banki, ndipo ya lendi ilibe tsiku lothera. Pa chifukwa chimenechi sindikuuzani kuti muthawe ngongoleyi.

Koma mawu akuti "atamakwera" ndi amene anyamula nkhani yonse. Kukwera mitengo kumapeputsa ngongole kwa munthu amene malipiro ake akukwera nawo. Ngati abwana akungowonjezera 5 peresenti pachaka pamene chimanga, mafuta ophikira, minibasi ndi fizi zikukwera ndi 25, ndiye kuti ndalama yotsala banki ikadula ikugula zochepa chaka ndi chaka, ndipo ngongole imene papepala sinasinthe imayamba kulemera. Tayang'anani ma pay slip anu a zaka zinayi zapitazi, muone kuti malipiro akwera motani poyerekeza ndi bajeti ya panyumba. Yankho limenelo ndi lofunika kuposa chilichonse chimene wa kubanki angakuuzeni. Ndipo dziwani kuti mwezi woyamba womwewo mudzachoka pa K300,000 kupita pa K687,528, kusiyana kwa K387,528 kumene kuyenera kuchokera penapake. Zaka zitatu kapena zinayi zoyambirira ndi zimene zimagwetsa anthu, poti malipiro sanakwere, ngongole sinatsike, ndipo zosunga zonse zinapita ku dipoziti.

Ubwino wake ndi wakuti masamu omwewa amene amapweteka poyamba amaperekanso mphotho yaikulu kwa wolipira moonjezera msanga. Kwacha iliyonse imene mwawonjezera pamwamba pa ya pamwezi imapita yonse ku ngongole yeniyeni, ndipo imasiya kubala 2.25 peresenti mwezi uliwonse kwa zaka zonse zotsala. Mutasaina zaka 15 koma n'kumawonjezera K50,000 pamwezi, ngongole idzatha m'miyezi 111, zaka 9 ndi miyezi itatu, ndipo mudzabweza pafupifupi K82 miliyoni m'malo mwa K124 miliyoni. Kapena tinene kuti kumapeto kwa chaka choyamba mwalandira bonasi, kapena mwagawana za banki mkhonde, mwaponyako K1 miliyoni kamodzi kokha, n'kupitiriza kulipira K687,528 monga kale. Miliyoni imodziyo idzadula miyezi 39 ndi kukupulumutsirani ndalama yoposa K25 miliyoni. Miliyoni yomweyo mutaiponya kumapeto kwa chaka cha 13 idzapulumutsa yosakwana miliyoni ina. Ndi mabizinesi ochepa amene angakutsimikizireni phindu la 27 peresenti pachaka popanda chiopsezo ndi popanda msonkho, koma kubweza ngongoleyi msanga kumachita zimenezo.

Kuti zimenezi zitheke, zinthu zitatu zilembedwe m'mgwirizano, osangomva pakamwa. Kodi pali chindapusa mukalipira moonjezera kapena mukamaliza ngongole nthawi isanakwane? Kodi ndalama yoonjezerayo imachotsedwa pa ngongole tsiku lomwelo, kapena imangokhala mu akaunti kudikira mwezi wotsatira? Ndipo mukaponya ndalama yambiri, kodi amafupikitsa nthawi kapena amatsitsa ya pamwezi? Inu mukufuna kufupikitsa nthawi. Chimodzimodzi chiwongoladzanja chikadzatsika, banki idzatsitsa ya pamwezi, koma inu pitirizani kulipira yakale.

Za ndalama zina zapambali ndingodutsamo, koma musazipeputse chifukwa zambiri zimafunika pamanja nyumba musanalowemo. Pali fizi ya banki yokonzera ngongole, ya wowerengera mtengo wa nyumba, ya maloya, msonkho wa boma wa stamp duty, ndi yolembetsa ku ofesi ya malo kuti nyumbayo ndi chikole. Pali inshulansi ziwiri zimene zimayenda mpaka ngongole ithe, ya nyumba ikapsa kapena kusasuka ndi mphepo, ndi ya moyo imene imamaliza ngongole wobwereka akamwalira. Pa yachiwiriyi funsani ngati ikukhudza nonse awiri, poti malipiro a nonse ndi amene awerengedwa. Mukakhala eni nyumba, city rates ya ku khonsolo, ground rent ngati malowo ndi a lizi, penti, mapaipi ndi denga lodontha zonse ndi zanu, palibenso alandilodi oti muwaimbire. Banki ikanena kuti fizi zina ingoziphatikiza ku ngongole, kumbukirani kuti K1 miliyoni iliyonse yolowa m'menemo kwa zaka 15 mudzaibweza ngati K4.1 miliyoni. Kuli bwino kuchedwa miyezi iwiri n'kuzilipira pamanja.

Mwina wina akuuzani kuti kwinakwake akubwereketsa pa 15 peresenti yokha. Funsani kuti akuwerengera pa ndalama yotsala kapena pa ndalama yonse imene munatenga poyamba. Obwereketsa ena amatenga K10 miliyoni, 15 peresenti yake K1.5 miliyoni, kuchulukitsa ndi zaka 5, n'kuti mubweze K17.5 miliyoni. Apa chiwongoladzanja akuwerengerabe pa K10 miliyoni yonse ngakhale m'chaka chomaliza pamene yambiri mwabweza kale. Mukaiwerengera mmene banki imawerengera, 15 peresenti yoteroyo ndi pafupifupi 25. Poyerekeza malo awiri obwereka, funsani zinthu ziwiri zokha: azidula zingati pamwezi kuphatikizapo inshulansi, ndipo kwa miyezi ingati.

Zikavuta, ntchito yatha kapena matenda agwa, lamulo la Registered Land Act limalola banki kupereka chidziwitso munthu akalephera kulipira kwa mwezi, ndipo pakatha miyezi itatu chiperekereni chidziwitsocho osakonza zinthu, itha kugulitsa nyumbayo. Zidziwitso za nyumba zogulitsidwa ndi mabanki mumaziona mu The Nation ndi The Daily Times. Pogulitsa motero mtengo nthawi zambiri umatsika, ndipo banki imayamba yachotsa ngongole, chiwongoladzanja cha miyezi imene simunalipire, chindapusa ndi za maloya. Imene imatha koyamba ndi K15 miliyoni yanu ija. Mbiri imakafikanso ku credit reference bureau, bungwe losunga mbiri ya obwereka ndalama, kumene mabanki ena onse amaona. Choncho musalowe m'ngongoleyi m'thumba muli mbee. Khalani ndi ya miyezi itatu pambali, pafupifupi K2.1 miliyoni, ndipo mukaona kuti mwezi wina zivuta pitani kubanki tsiku lodula lisanafike. Kukatenga katapila kuti mutseke ya banki ndiye musayerekeze n'komwe.

Mwafunsa ngati zimakhaladi choncho, simunafunse chochita, koma ndinenebe maganizo anga. Zaka 20 zisiyeni. Pa malipiro a K2.2 miliyoni, ya zaka 10 ikutenga 33 peresenti, pamene ya zaka 15 ikutenga 31. Kusiyana kwake n'kochepa moti ngati simungakwanitse ya zaka 10, ndiye kuti ya zaka 15 nayo simungaikwanitse bwinobwino. Chiwongoladzanja chitafika 30 peresenti, ya zaka 10 idzakhala cha m'ma K791,000, imene ndi 36 peresenti ya malipiro anu, ndipo imeneyo ndiyo nambala yoti muyesere bajeti. Ena amakonda kusaina zaka 15 n'kumalipira ngati zaka 10, kuti mwezi wovuta athe kubwerera pa ndalama yochepa. Nzeruyo ndi yabwino kumene chiwongoladzanja chili chotsika, koma kwa inu mpata umene ikupereka ndi K37,691 yokha, ndipo ndalama imene palibe akukukakamiza kulipira imapeza ntchito ina msanga, kaya maliro, kaya chinkhoswe, kaya feteleza wa kumudzi. Ine ndikadasaina zaka 10.

Njira ina yamphamvu kuposa zonse ndi kubwereka yochepa. Ogulitsa nyumba akatsitsako mtengo, kapena mukapeza yoonjezera pa dipoziti, n'kubwereka K24 miliyoni m'malo mwa K30 miliyoni, ya zaka 10 idzakhala K580,175 pamwezi ndipo zonse pamodzi K69.6 miliyoni. Miliyoni iliyonse imene mwanenerera kwa wogulitsa ikuchotserani K24,000 pamwezi kwa zaka 10, ndiye musachite manyazi kunenerera.

Mukabwerera kubanki pemphani akusindikizireni ndandanda ya mwezi ndi mwezi yoonetsa chiwongoladzanja, yochepetsa ngongole ndi yotsala, ya zaka 7, ya zaka 10 ndi ya zaka 15, iliyonse pa 27 ndi pa 30 peresenti, inshulansi ili momwemo. Kompyuta yawo imatulutsa zimenezi m'kanthawi kochepa. Manambala awo atha kusiyana pang'ono ndi anga chifukwa mabanki ena amawerengera chiwongoladzanja tsiku ndi tsiku, koma akasiyana ndi ndalama yoposa masauzande ochepa pamwezi, funsani kuti chawonjezeredwamo n'chiyani. Kenako tengani mapepala omwewo mupite nawo kubanki ina imodzi kapena ziwiri. Reference rate ndi imodzi kwa onse, koma kamene amaika pamwamba kaja kamakambidwa, makamaka kwa anthu awiri apantchito amene abwera ndi gawo limodzi mwa magawo atatu a mtengo wa nyumba pamanja.